Funso Limene Mlendo Anatisiyira

Mau amene anakambidwa ndi mmodzi wa amai achikulire a Mvano pa msonkhano wa chikumbutso ku Thyolo



Pamene a komiti anandituma kuti ndidzayankhule pa tsiku lalikulu lino, ndinawapempha kuti andilole kukamba nkhani imene siizolowereka pa misonkhano yathu. Nditatchula mutu wake, mai wina anagwira pakamwa nati, "Inu Mai, za Abuda pa Mvano?" Ndinati inde. Tsono ndikupemphani nonse kuti mundimvere kufikira nditatsiriza, ndipo mudzandiweruze pambuyo pake. Makolo athu anati mlendo amadza ndi kalumo kakuthwa. Ine kalumoko kanandicheka, ndipo ndabwera kudzakuonetsani pamene kanacheka.

Nkhani yanga iyambira pamaliro. M'mwezi wa Malichi chaka cha 2023, namondwe wa Freddy atagwetsa mvula ija yosaleka usana ndi usiku, phiri la Soche linagumukira anthu ku Chilobwe, ndipo mwa omwalirawo munali mwana wa msuweni wanga pamodzi ndi khanda lake. Tinakawaika kumudzi kwathu, m'munsi mwa phiri la Thyolo. Monga mudziwa, ife a Mvano pamaliro sitigona: usiku tili m'siwa kuyimba, m'mawa tili pamoto. Pamotopo panabuka mtsutso. Wina anati ndi Napolo wadutsa, monga anachitira ku Zomba mu 1946 ndi ku Phalombe mu 1991. Wina anati za Napolo n'zachikunja, uwu ndi mkwiyo wa Mulungu chifukwa m'tauni mwachuluka zoipa. Winanso anati masiku otsiriza akwana basi. Ine ndinangokhala chete, pakuti womwalirayo ndinamudziwa bwino: anali wa kwaya, wopemphera kuposa ine.

Pakati pathu panali mtsikana wina amene sindinamudziwe, mnzake wa malemuyo wa kuntchito. Anali Mmalawi ngati ife, wolankhula Chichewa cha kum'mwera kuno. Ndinaona kuti asanaike chikuni pamoto ankayamba wachimenyetsa pansi kawiri katatu. Poyamba ndinayesa kuti akugwetsa dothi, koma anachita chimodzimodzi ndi chikuni chilichonse. Nthawi ya chakudya anakana nyama ya mbuzi mwaulemu, natenga nyemba ndi nkhwani. Ndinamuitanira kumbali.

"Mwanangu, kodi ndi matenda?"

"Iai agogo," anatero. "Makolo anga anamwalira ndili wamng'ono, ndiye ndinaleredwa ndi Abuda. Nyama sitidya. Nkhunizi ndimagwetsa nyerere ndi chiswe kuti zisapsere pamoto. Nazonso zimafuna moyo."

Ndinamufunsa zambiri, pakuti ndinali mphunzitsi zaka makumi atatu ndipo mafunso sandithera. Anandiyankha mofatsa. Koma pomaliza anati, "Agogo, mundilole nanenso ndifunseko. Kumene ndinakulira sanatiphunzitse za Mlengi. Inu mumati dziko lili ndi Mwini wake amene analipanga ndi kulikonda. Nanga bwanji phiri ili, lozingidwa ndi matchalitchi mbali zonse, mwalimeta mpala chonchi? Kodi munda wa eni ake amausunga chotere?"

Ndinafuna kumuyankha msanga, monga timachitira ife akuluakulu mwana akatikola, koma mau sanabwere. Ndinakweza maso kuphiri, ndipo ndinaona zimene iye anaona: dothi lofiira, timinda ta chimanga tokwera mpaka pamwamba, ndi zitsa.

Amai anzanga, phiri limeneli ine ndinaliona lili lakuda bii. Ndinabadwira m'malaini a pa esiteti. Mai anga ankathyola tiyi, dengu kumsana, kuyambira mame asanaume. Chiperoni chikabwera, nkhungu inkakola m'mitengo ya pamwambayo, madzi n'kumadontha m'masamba ngakhale mvula isanagwe, ndipo timitsinje totsika kumeneko sitinkauma ngakhale mu Okutobala. M'nkhalangomo munali kambalame kena kamene kamatsata linthumbu, kakumadya tizilombo timene linthumbulo lavumbulutsa. Akatswiri anakapatsa dzina lochokera ku phiri lathu lomweli, Cholo alethe, pakuti kale azungu ankalemba Thyolo kuti Cholo. M'mabuku a mbalame a dziko lonse dzina la kwathu lilimo chifukwa cha kambalameko. Koma kuyambira zaka za m'ma 1990 nkhalango inayamba kutha mofulumira, ndipo lero amene afuna kukaona kambalameko amakafufuza m'tinkhalango totsala pa malo a esiteti monga Satemwa, kapena ku Mulanje. Adzukulu anga sakadziwa.

Maliro atatha ndinaganiza kuti sindingagone bwino ndisanadziwe kuti anthu amene analera mtsikanayu ndi otani. Mdzukulu wanga wina anandithandiza kufufuza, ndipo zina ndinabwereka mabuku. Ndikuuzani pang'ono zimene ndinapeza.

Abuda sali kutali monga timaganizira. Mukatuluka m'Limbe pa mseu wa ku Zomba, ku Mapanga kuli malo olererako ana amasiye otchedwa Amitofo Care Centre. Anawayambitsa kuchiyambi kwa zaka za m'ma 2000 ndi mmonke wa ku Taiwan, Hui Li, amene anayamba wafikira ku South Africa mu 1992, kumene kunamangidwa kachisi wamkulu wa Nan Hua ku Bronkhorstspruit. Ana a ku Mapanga amaphunzira sukulu yathu, amaphunziranso Chitchaina, ndipo nyama sadya. Mu 2019 kunatuluka kanema wotchedwa Buddha in Africa, wojambulidwa kumeneko, amene anafunsa funso loyenera: kodi mwana woleredwa chonchi akabwerera kumudzi adzakhalabe wa kwao? Funsolo ndi lolemera ndipo sindilipeputsa. Koma tisanaloze chala tidzifunse kuti ana amasiye a m'mipingo yathu, nthawi imene Edzi inkalanda makolo, ife tinalera angati.

Woyambitsa chipembedzochi anali Siddhartha Gautama, wobadwira ku Lumbini, dera limene lero lili m'dziko la Nepal, zaka ngati mazana asanu Ambuye wathu asanabadwe. Anali mwana wa mfumu, koma anasiya zonse ataona ukalamba, matenda ndi imfa, napita kukafuna chifukwa chimene anthu amavutikira. Otsatira ake amati anapeza yankho ali chikhalire pansi pa mtengo ku Bodh Gaya, ku India, ndipo kuyambira pamenepo anamutcha Buddha, ndiko kuti wogalamuka. Mtengowo ndi wa banja limodzi ndi mkuyu ndi kachere, mitengo imene mafumu athu amaweruzira milandu pansi pake. Lamulo loyamba la Mbuda aliyense ndi lakuti asachotse moyo. Mmonke saloledwa kuononga chomera chamoyo, amasefa madzi asanamwe kuti asameze tizilombo, ndipo nyengo ya dzinja amakhala pamalo amodzi miyezi itatu. Mwambo wa miyezi itatuwu unayamba anthu atadandaula kuti amonke oyendayenda akupondereza mbeu zongomera ndi tizilombo ta m'matope. Apa ndinamvetsa za chikuni chija.

Ngakhale tiyi amene watilera ife a ku Thyolo anadzera m'manja mwao. Tsambali kwao ndi ku China, ndipo amonke Achibuda ankalimwa kuti asaodzere posinkhasinkha usiku. Mmonke wina, Eisai, anatengera mbeu zake ku Japan mu 1191. Kuno kwathu linafika ndi amishoni a Blantyre kuchokera ku Edinburgh, ndipo Henry Brown analidzala ku Mulanje mu 1891 lisanakwere kuno. Tsamba limodzi, ladutsa kwa amonke ndi kwa amishoni, n'kudzathera m'dengu la mai anga.

Tsono ndinene poyera pamene tisiyana nao, kuti wina asapite kwao akunena kuti Mai uja wati zipembedzo zonse n'chimodzimodzi. Sindinatero. Abuda sakhulupirira Mulungu Mlengi. Pa za mzimu amaphunzitsa kuti mwa munthu mulibe kanthu kokhazikika, kosasintha, kamene tingakagwire n'kunena kuti "uyu ndiye ine." Munthu ali ngati mtsinje wa Nsuwadzi: dzina ndi limodzi, koma madzi a lero si a dzulo. Amati moyo ukatha umayatsa moyo wina, monga mmene timapalira moto kwa mnzathu: moto wa m'khichini mwako si womwe uja, komanso si wachilendo. Ife timati iai. Mulungu amadziwa munthu aliyense ndi dzina lake, mwana wa msuweni wanga sanasungunuke ngati mchere m'madzi, ndipo tidzamuona pa kuuka kwa akufa. Iwo ambiri amayembekeza kumasuka mwa kudziletsa ndi kuyeretsa maganizo; ife tiyembekeza chisomo cha Iye amene anatifera. Kusiyana kumeneku si kwapakamwa chabe, ndipo ine ndidzafa ndili Mkhristu.

Koma kusiyana sikunaletse anthu a Mulungu kukhala nao pansi. Mu 1968 wansembe wa Chikatolika, Thomas Merton, anapita ku Dharamsala kukacheza ndi Dalai Lama, mtsogoleri wa Abuda a ku Tibet. Mu 1986 Papa Yohane Paulo Wachiwiri anaitanira atsogoleri a zipembedzo ku Assisi kukapempherera mtendere, ndipo Abuda analipo. Malemu Bishopu Desmond Tutu wa ku South Africa anali bwenzi lapamtima la Dalai Lama yemweyo, ndipo sanasiye guwa lake chifukwa cha ubwenziwo.

Kucheza kumene kunandigwira mtima koposa si kwa akuluakulu amenewa iai, koma kwa amai. Mu 1966, ku Hualien m'dziko la Taiwan, kunali mai wina wodzipereka ku Chibuda, dzina lake Cheng Yen, wokhala m'kanyumba kosauka. Tsiku lina asisitere atatu Achikatolika anapita kukamuchezera. Anakambirana za zikhulupiriro zao, ndipo asisiterewo anavomereza kuti chiphunzitso chake cha chifundo n'chozama. Koma anamufunsa kuti, popeza Akhristu amamanga zipatala ndi sukulu za osauka, Abuda amanga chiyani? Funsolo linamubaya. Akanatha kukwiya, akanatha kunena kuti alendowa ndi amwano. Sanatero. Anaitana amai apanyumba makumi atatu, nawapatsa aliyense kachidutswa ka nsungwi koboola, nawapempha kuti tsiku lililonse asanapite kumsika aponyemo kandalama kakang'ono kochotsa pa ndalama ya ndiwo. Ena anafuna kupereka zonse kamodzi pa mwezi, koma iye anakana, pofuna kuti mtima uzikumbukira osauka m'mawa uliwonse. Umo ndi mmene linayambira bungwe la Tzu Chi. Mu 1986 anatsegula chipatala chachikulu ku Hualien. Kuyambira 1990 anthu ake, ambiri a iwo nkhalamba ngati ine, anayamba kutola zinyalala, ndipo mabotolo a pulasitiki amawasandutsa mabulangete opatsa ogwa m'ngozi. Namondwe wa Idai atasakaza mu 2019, anthu a bungweli anali pakati pa amene anathandiza ku Mozambique, ku Zimbabwe ndi kuno kwathu.

Kodi simukuona Mvano m'nkhani imeneyi? Amai makumi atatu, ndalama ya ndiwo, kachidutswa ka nsungwi. Mai uja sanasanduke Mkatolika, ndipo asisitere aja sanasanduke Abuda. Anangolandira funso lowawa lochokera kwa Akhristu n'kulisandutsa ntchito. Lero funso labwerera kwa ife kudzera mwa mwana wamasiye womenyetsa chikuni pansi, ndipo chimene ndifuna kudziwa n'chakuti ife tichita nalo chiyani.

Ndibwerere ku mtsutso wa pamoto paja, wa Napolo ndi mkwiyo wa Mulungu, pakuti apa m'pamene sayansi ikulowa. Kuyambira 1987 Dalai Lama anayamba kuitana akatswiri a sayansi kuti azikambirana naye, ndipo ananena poyera kuti ngati sayansi itaonetsa mosakayikitsa kuti chiphunzitso china cha Chibuda pa za chilengedwe n'cholakwa, Abuda ayenera kuchisiya. Ine ndinachita manyazi nditamva zimenezi, pakuti ife amene timati Mulungu ndiye anaika malamulo a chilengedwe ndife amene nthawi zina timaopa kuwaphunzira. Mukumbukira matenda a chisaka mmene anathera nthochi kuno, ku Thekerani ndi ku Masambanjati, nthochi zimene zinkaphunzitsa ana athu sukulu. Ambiri anathamangira kunena kuti wina walodza minda. Alangizi anatiuza kuti ndi kachilombo kofalitsidwa ndi nsabwe za m'nthochi ndiponso ndi ana a nthochi amene tinkapatsana mwachikondi, ndipo anati tizule zonse zodwala. Tinakana nthawi yaitali, ndipo matenda sanadikire kuti titsirize kukangana.

Za Freddy akatswiri amati anabadwira pafupi ndi Australia kuchiyambi kwa Febuluwale, naoloka nyanja yonse ya India, nagunda Madagascar, nagunda Mozambique kawiri, ndipo anakhala masiku 36. Bungwe loona za nyengo pa dziko lonse linatsimikiza kuti palibe namondwe wina wolembedwa amene anakhalitsa chotere. Kuno kwathu anthu oposa 600 anafa, mazana ena sanapezeke, ndipo oposa theka la miliyoni anasowa pokhala. Namondwe amadya kutentha kwa madzi a m'nyanja, ndipo mpweya ukatentha umanyamula chinyezi chambiri: digiri imodzi ikaonjezeka, chinyezicho chimakwera pafupifupi magawo 7 pa 100. Kutenthako kwakula chifukwa cha utsi wa malasha ndi mafuta, umene wambiri watuluka m'maiko olemera, osati kuno. Mbali imeneyo si mlandu wathu, ndipo tiyenera kuinena mosaopa. Koma mbali ina ndi yathu. Masamba amachepetsa mphamvu ya mvula, zinyalala za pansi pa mitengo zimamwetsa madzi m'nthaka, ndipo mizu imagwira dothi monga mmene ulusi umagwirira nsalu. Sindikunena kuti phiri la mitengo silingagumuke. Mvula yonga ija ingagwetse ngakhale nkhalango. Koma phiri lometedwa limataya madzi onse nthawi imodzi, ndipo amene anamanga m'munsi mwake ndiye amalandira.

Ndinafunsa mtsikana uja ngati Abuda anganene kuti ophedwawo analipira zoipa za moyo wao wakale, pakuti ndinamva kuti amaphunzitsa za karma, ndiko kuti chochita chilichonse chimabala chipatso chake. Anati alipo amene amaganiza choncho, koma mabuku ao akale amakana kuti mavuto onse amachokera kumeneko: ena amadza ndi matenda a m'thupi, ena ndi kusintha kwa nyengo, ena ndi kusasamala, ena ndi nkhanza za anthu. Ndinakumbukira Luka 13, pamene Ambuye anakamba za anthu khumi ndi asanu ndi atatu amene nsanja inawagwera ku Siloamu. Anakana kuti iwowo anali ochimwa koposa anzao, ndipo anatembenuzira nkhaniyo kwa amoyo amene ankamumvera. Pamenepa ine ndi mtsikanayo tinapezeka taima pamodzi: wakufayo asiyidwe mu mtendere, amene ayenera kudzifunsa ndi wotsala. Ndipo ndikupemphani, amai anzanga, tileke kuuza wofedwa kuti mwana wake anafa chifukwa m'tauni mwachuluka zoipa. Mau amenewo amaphanso kachiwiri.

Komabe sayansi ili ndi polekezera. Idzakuuza kuti ukadula katope wa m'mbali mwa kasupe, kasupeyo adzauma. Siidzakuuza chifukwa chimene iwe, wa zaka makumi asanu ndi awiri, uyenera kusamalira kasupe amene adzamwe ndi mdzukulu wa munthu wina. Izo zimachokera mumtima, ndipo mtima ndiwo munda wa chipembedzo. Mbuda amati usaononge chifukwa palibe chinthu chimene chimaima pachokha. Chilichonse chimatsamira pa chinzake, ndipo wovulaza china amadzivulaza. Ife tili ndi chifukwa chathu, chimene ine ndiyesa chachikulu koposa, koma tachiika pansi pa bedi. Genesis amatiuza kuti munthu anaumbidwa ndi dothi, ndipo m'munda muja anapatsidwa khasu ndi ulonda. Khasu tinalitenga, ulonda tinauiwala. Abusa athu angatsimikize kuti m'Chihebri mau amodzi, ruach, amatanthauza mzimu, mphepo ndi mpweya. Ndipo ine ndinkaphunzitsa ana a sitandade 6 kuti mpweya umene timatulutsa masamba amaulandira, ndipo umene masamba amatulutsa ndiwo timapuma. Zaka makumi atatu ndinaphunzitsa zimenezi Lolemba, n'kumva za mpweya wa Mulungu Lamulungu, osaziika pamodzi ngakhale tsiku limodzi. Anandilumikizira ndi mwana wosadziwa katekisimu.

Abuda naonso si angelo. Dziko la Thailand ndi la Abuda ochuluka, koma nkhalango zake zinadulidwa koopsa. Mu Novembala 1988 mapiri a kum'mwera kwa dzikolo anagumuka, matope ndi zipika zinakwirira midzi, anthu mazana anafa, ndipo mu Januwale 1989 boma linaletsa kudula mitengo ya malonda m'nkhalango zachilengedwe. M'zaka zomwezo amonke ena a kumpoto anayamba kumanga nsalu yao yachikasu pa mitengo ikuluikulu, monga amavekera munthu wolowa umonke, ndipo wodula akafika ndi nkhwangwa ankachita mantha kugwetsa mtengo wovala nsalu yopatulika. Pafupi ndi kwathu, ku Masvingo m'dziko la Zimbabwe, mipingo ina ya Chiafirika, mothandizana ndi Marthinus Daneel, inayamba kuulula machimo ochimwira nthaka pa nthawi ya Mgonero, n'kutuluka kukadzala mitengo.

Sindikuti tikamange maduku athu oyera pa mibawa. Koma taonani m'midzi yathu. Mukaima pa chitunda n'kuyang'ana, paliponse pamene muona kagulu ka mitengo yachilengedwe mudziwa kuti ndi kumanda. Ku Nsanje nkhalango ya Khulubvi, ya Mbona, yasungidwa mibadwo yambiri chifukwa anthu amaopa kudulamo. Mitengo yatsala pamene anthu amaopa mizimu ya akufa. Pamene timati ndi pa Mulungu wamoyo, ndiko kuti pena paliponse, tadula. Nkhani imeneyi imandiwawa kuinena pa guwa, koma maso anu ndiwo mboni.

Ndikudziwa kuti wina pano mumtima akuti, "Mai uyu akulankhula chifukwa ali ndi penshoni." Nzoona, ndipo sindikana. Kuno ku Thyolo malo ambiri abwino ali m'manja mwa maesiteti kuyambira nthawi ya atsamunda, ndipo anthu anapanikizidwa m'mphepete. Amene anakwera phiri ndi khasu sanakwere chifukwa chodana ndi Mulungu; anakwera chifukwa ana anali ndi njala. Mai amene amadula kamtengo kuti aphike nsima sindingamuweruze, pakuti inenso ndinasenzapo mtolo. Nkhani ya malo ndi ya chilungamo, ndipo mpingo usatope kuinena kwa oyenera. Koma makala amene amatsika pa njinga m'bandakucha kupita ku Limbe amagula ndani? Ambiri ndife a m'nyumba za malata, ena a ife magetsi ali m'nyumba. Wopsereza makala timamutcha woononga, ife ogula timadzitcha amai aulemu.

Tsono ndili ndi pempho kwa a komiti, ndipo ndafuna kulinena pamaso pa nonse kuti lisakathere m'buku la mlembi. Palibe gulu m'boma lino limene limasonkha moto wambiri kuposa ife. Maliro amodzi amatha ngolo ya nkhuni, ndipo pamaliro aliwonse ife tilipo. Msonkhano uno wokha, pitani kuseri mukaone mulu umene tatentha kuyambira dzulo. Ndipempha kuti nthambi iliyonse ya Mvano ikhale ndi mbaula zake za chitetezo, zoumba ndi dothi, zimene zimadya nkhuni zochepa kusiyana ndi mafuwa atatu, ndipo tizizinyamula popita kumaliro monga timanyamulira mapoto. Amai odziwa kuumba alipo pakati pathu. Mapesi a nandolo, amene kuno sasowa, amayaka bwino m'mbaula zimenezi. Ndipemphanso kuti pa tchalitchi chilichonse pakhale nazale, ngakhale kakang'ono, ka mibawa, mikuyu, katope wa m'mitsinje ndi nsungwi za milimo ya pakhomo, ndipo pa tsiku la Mvano aliyense aziponya kandalama m'chitini cha machubu ndi mbeu. Chitinicho chisasakanizidwe ndi thumba la yunifomu.

Koma chimene ndikakamira koposa ndi ichi. Nyengo yodzala mitengo m'dziko muno imayamba pa 15 Disembala kufikira pa 15 Epulo, ndipo chaka chilichonse timamva za mitengo yodzalidwa. Za yopulumuka sitimva. Ine ndadzalapo mitengo pamaso pa alendo olemekezeka, tikuyimba ndi kuomba m'manja, ndipo pofika Ogasiti mbuzi zinali zitatsiriza. Ndipempha kuti mtengo uliwonse ukhale ndi mai wake wodziwika ndi dzina, monga mwana wobatizidwa amakhala ndi womuimira, ndipo pa lipoti la chaka mlembi asawerenge imene tinadzala koma imene ili moyo mu Okutobala. Chiwerengerocho chidzakhala chochepa ndi chochititsa manyazi chaka choyamba. Chiwerengedwe chomwecho.

Ndikuona amai ena akufuna kufunsa ngati mtsikana uja ndinamulalikira. Ndinamuuza za Yesu, za mtanda ndi za manda apululu, ndipo anamvetsera mwaulemu kufikira nditatsiriza. Iye akali Mbuda, ine ndikali wa Mvano. Funso lake sindinaliyankhe tsiku lija, ndipo nditamulembera kalata pambuyo pake ndinangomuuza kuti ananena zoona, munda wa eni ake sitinausunge. Anandiyankha kuti ngati nazale yathu idzayambadi, adzapempha tchuthi kuntchito n'kubwera kudzatithandiza kuthira dothi m'machubu, pakuti ntchitoyo anaiphunzira ali mwana. Ndamuuza kuti abwere mu Seputembala, ndipo adzagona kwanga. Amai a kukhichini mukumbukire kuti nyama sadya, nyemba zidzakhalepo.